Swiswiri si mbewa: kanyama kamene njala imakapha m'maola ochepa

Mphaka akagwira mbewa amadya. Akagwira swiswiri, kawirikawiri amangomupha n'kumusiya pomwepo wathunthu, osalumako ngakhale mwendo. N'chifukwa chake ambiri a ife timayamba kumuona swiswiri ali wakufa, ali gone pambali pa njira, kamlomo kake kosongoka kataloza kumwamba. Mukawerama n'kumununkhiza mumamvetsa chimene mphaka wathawa. M'nthiti mwake muli tiziwalo totulutsa fungo lamphamvu limene nyama zambiri zolusa zimanyansidwa nalo. Koma akadzidzi salabada, iwo amangomeza.

Womuona ali gone choncho amangoti, "kambewa kafa." Apa ndi pamene ndikufuna tiyambire, chifukwa swiswiri si mbewa ngakhale pang'ono. Pa chibale cha zamoyo, inu amene mukuwerenganu muli pafupi ndi mbewa kuposa mmene swiswiri alili. Iye abale ake akutali ndi mileme, mikango, mahatchi, ngaka ndi anangumi. Tifika kumeneko. Poyamba titsegule pakamwa pake.

Mbewa, khoswe, gologolo ndi nungu onse ali ndi mano awiri aakulu kumtunda ndi awiri kumunsi, okhala ngati sompho, amene amakula moyo wonse. Kumbuyo kwa mano amenewa kuli mpata, kenako mano opera. Ndi pakamwa pa nyama yotetena mbewu ndi mitengo. Swiswiri alibe mpata umenewo. Mano ake, amene amakhala pakati pa 26 ndi 32 malinga ndi mtundu, ndi osongoka ngati minga, ondondozana kuchokera kutsogolo mpaka kumbuyo. A kutsogolo akumtunda ndi okhota ngati mbedza, akumunsi amaloza kutsogolo, ndipo akakumana amagwira ngati pulayazi. Ameneyu ndi mlenje. Amadya zikumbu, mphutsi, akangaude, nyongolotsi, nkhono, ndipo mitundu ina imagwira achule, tinsomba ngakhale timbewa. Mapazi ake akutsogolo ali ndi zala zisanu zooneka bwino, pamene mbewa imaoneka ndi zinayi. Maso ndi ang'onoang'ono ngati timikanda, ndipo mphuno yaitaliyo imagwedera mosalekeza.

Moto woyaka m'kathupi kochepa

Chilichonse chodabwitsa cha swiswiri chimachokera pa vuto limodzi: kukhala ndi magazi ofunda m'thupi laling'ono kwambiri. Mukalimvetsa vuto limeneli, zina zonse zimadzilongosola zokha.

Madzi otentha a m'kapu amazizira msanga kuposa a m'ndowa, ndipo a m'supuni amazizira msanga kuposa a m'kapu. Kutentha kumathawira pakhungu, ndipo chinthu chikamachepa, khungu lake limachuluka poyerekeza ndi zam'kati mwake. Tengani kabokosi kotalika sentimita imodzi mbali zonse: kunja kwake kuli malo 6 pa gawo limodzi la m'kati. Bokosi la masentimita 10 mbali zonse lili ndi malo 600 kunja pa magawo 1,000 a m'kati, kutanthauza 0.6 pa gawo lililonse. Kabokosi kakang'ono kaja kali ndi khungu lochuluka kakhumi pa nyama iliyonse ili m'kati. Njovu imavutika kutaya kutentha, n'chifukwa chake imakupiza makutu. Swiswiri vuto lake n'losiyana: kutentha kumamuthawa ngati madzi m'dengu, ndipo ayenera kusonkhezera moto usana ndi usiku.

Mtundu wotchedwa Suncus etruscus, umene umapezeka kum'mwera kwa Ulaya, kumpoto kwa Africa mpaka kum'mwera chakum'mawa kwa Asia, umalemera pafupifupi magalamu 1.8, ndipo thupi lake popanda mchira ndi masentimita anayi okha. Pa kulemera, palibe nyama yoyamwitsa yamoyo yochepa kuposa iyi. Kamleme kena ka ku Thailand ndi Myanmar ndi kamene kamayandikirako. Mtima wa njovu umagunda pafupifupi ka 30 pa mphindi, wa munthu ka 60 mpaka 100. Wa swiswiri ameneyu unayezedwa ukugunda kopitirira ka 1,500 pa mphindi, ndiko kuti ka 25 pa sekondi imodzi. Khutu silingawerenge kugunda kotere. Limangomva ngati kulira kwa njuchi. Amapuma mpweya kambirimbiri pa sekondi iliyonse, ndipo mtima wake ndi waukulu poyerekeza ndi thupi kuposa wa nyama zina zoyamwitsa. Tsiku lililonse amadya chakudya cholemera kuposa thupi lake, nthawi zina kuwirikiza kawiri. Amasaka nkhululu ndi ziwala zofanana naye msinkhu, ndipo amazipeza ndi ndevu zake mumdima, n'kuziluma pamsana zisanadumphe.

Moto woterewu sulola kupumula. Swiswiri wodziwika kwambiri ku Ulaya, Sorex araneus, amene amalemera magalamu 5 mpaka 14, amayenera kudya pakangopita maola awiri kapena atatu. Sadziwa kuti uwu ndi usiku kapena usana: amasaka, n'kugona pang'ono, n'kudzuka kukasakanso. Akakhala maola ochepa osaika kanthu m'mimba, amafa. Akatswiri amene amatchera misampha yogwira tinyama tamoyo amadziwa zimenezi bwino. Mbewa mukhoza kuisiya mumsampha usiku wonse n'kuipeza m'mawa ili gwa, koma swiswiri muyenera kumuikira mphutsi zambiri ndi kumayendera msamphawo pafupipafupi, apo ayi mupeza mtembo.

Ndikaganizira zimenezi ndimaona kuti mbiri yoipa ya swiswiri, yoti ndi kanyama kaukali kosafuna mnzake, ilibe chilungamo. Inde, aswiswiri ambiri amakhala okhaokha ndipo awiri akakumana amalalatirana ndi timawu tosongoka mpaka mmodzi athawe. Koma nanga nyama imene ikhoza kufa ndi njala dzuwa lisanalowe ingagawane bwanji malo ake osakira?

Mano akatha, moyo watha

Ife timaphuka mano a ubwana, n'kuguluka, n'kumera ena. Swiswiri mano ake a ubwana amatha adakali m'mimba mwa mayi wake, moti amakula ndi mano amodzi okhawo amene adzafe nawo. Ndipo chakudya chake n'chowononga mano: zikumbu zili ndi zikamba zolimba, nyongolotsi zimabwera ndi mchenga. Pakutha chaka mano amakhala ataperepeseka. Swiswiri wokalamba amatha kufa ndi njala chakudya chili pamphuno, chifukwa alibenso chogwirira. Akatswiri amadziwa msinkhu wa swiswiri pongoyang'ana mmene mano ake athera.

Apa ndi pamene banja la aswiswiri, limene asayansi amalitcha Soricidae, limagawikana. Muli mitundu yoposa 400, ndipo pa mabanja onse a nyama zoyamwitsa ndi atatu okha amene amaliposa: awiri a mbewa ndi makoswe, ndi limodzi la mileme. Nthambi yoyamba ndi ya mano ofiira, Soricinae, imene yafala kumpoto kwa America, Ulaya ndi kumpoto kwa Asia. Nsonga za mano awo ndi zofiirira ngati dzimbiri, ndipo n'zoonadi kuti muli chitsulo: m'chikuto cha dzino muli ayironi, makamaka pamalo amene amakhuzana kwambiri potafuna. Nthambi yachiwiri ndi ya mano oyera, Crocidurinae, ya ku Africa, kum'mwera kwa Ulaya ndi Asia. M'menemu muli gulu la Crocidura lokhala ndi mitundu pafupifupi 200, gulu lalikulu kuposa lina lililonse la nyama zoyamwitsa. Nthambi yachitatu, Myosoricinae, ndi yaing'ono ndipo imapezeka mu Africa mokha, makamaka m'nkhalango zonyowa za m'mapiri.

Kusiyana kwa nthambi ziwiri zazikuluzi sikuthera pa mtundu wa mano. A mano ofiira ndi amene moto wawo umayaka kwambiri, ndipo sautsitsa. A mano oyera moto wawo ndi wodekhako, ndipo chakudya chikasowa kapena kukazizira ambiri amatha kutsitsa kutentha kwa thupi kwa maola angapo, n'kukhala zii ngati akomoka, kuti asunge mphamvu. Iwo ndiwonso ali ndi khalidwe lija losangalatsa: chisa chikasokonezedwa, mwana mmodzi amaluma ubweya wa pamwamba pa mchira wa mayi, wachiwiri amaluma woyambayo, wachitatu wachiwiriyo, ndipo banja lonse limayenda ndondondo ngati sitima, kudumpha zopinga limodzi popanda wotayika.

Moyo wonse ndi waufupi. Sorex araneus amabadwa nyengo yofunda, pambuyo pa bere la masabata atatu ndi masiku ochepa, ali asanu, asanu ndi mmodzi kapena kuposa, ndipo ana a bere limodzi amatha kukhala a abambo osiyanasiyana. Amadutsa nyengo yachisanu asanakhwime, amaswana kukafundanso, ndipo pofika chisanu chachiwiri pafupifupi onse amakhala atafa. Mbadwo uliwonse umaona chisanu kamodzi basi.

Nyama yotere ikapeza chakudya chambiri lero, ingachite nacho chiyani poti mafuta ambiri siingasunge m'thupi? Mitundu ina inapeza yankho m'malovu. Blarina brevicauda wa kum'mawa kwa North America ndi Neomys fodiens wa m'mitsinje ya ku Ulaya ndi Asia ali m'gulu la nyama zoyamwitsa zochepa zedi zimene zili ndi ululu. Ululuwo umapangidwa m'tiziwalo ta malovu pansi pa chibwano, ndipo umalowa pabala swiswiri akamaluma. Blarina akaluma nkhono, nyongolotsi kapena mphutsi, nyamayo imafooka ziwalo koma siifa msanga. Iye amaikokera kuuna kwake n'kuisunga. Yakufa ikanaola; yamoyo yosatha kuyenda imakhala yabwino kwa masiku. Ndi nkhokwe ya nyama yamoyo, ndipo ngakhale zikumveka zankhanza, kwa kanyama kofa ndi njala m'maola ochepa imeneyi ndi nzeru yopulumutsa moyo. Munthu akalumidwa amamva kuwawa ndi kutupa kwa masiku angapo, koma safa.

Chimene chimandikoka mtima pa ululu umenewu ndi chiyambi chake. Mbali yake yaikulu ndi puloteni ya mtundu wa kallikrein, imene imapezeka ngakhale m'malovu athu ndipo siipweteka aliyense. Mwa Blarina puloteniyi inasintha pang'ono kapangidwe kake n'kuyamba kugwira ntchito mwamphamvu kwambiri, kufutukula mitsempha ndi kugwetsa kuthamanga kwa magazi a chimene chalumidwa. Abuluzi ena aululu a ku Mexico ndi kum'mwera kwa United States anasintha puloteni ya mtundu womwewo m'njira yofanana kwambiri, paokha, popanda chibale chapafupi ndi swiswiri. Chisinthiko cha zamoyo sichipanga zida kuchokera pachabe. Chimatola chimene chilipo kale n'kuchinola.

Kuchepetsa mutu kuti upulumuke chisanu

Pa zonse za swiswiri, apa ndi pamene ndimafuna kuchedwapo.

Kumayiko akumpoto chisanu chikafika, tizilombo timasowa, nthaka imauma gwa, ndipo kuzizira kumakhala miyezi. Mbalame zimasamukira kofunda. Kanungu wa ku Ulaya amadzikulunga n'kugona tulo ta miyezi, akudya mafuta a m'thupi mwake. Swiswiri wa mano ofiira sangachite chilichonse mwa ziwirizi: miyendo yake siingamufikitse kutali, ndipo mafuta amene angasunge sangamusunge ngakhale tsiku limodzi. Ayenera kukhala maso n'kumasaka pansi pa chipale chofewa chisanu chonse.

Mu 1949 katswiri wa zinyama wa ku Poland, August Dehnel, akuyeza zigaza za aswiswiri ogwidwa m'nkhalango ya Białowieża miyezi yosiyanasiyana, anaona chinthu chosayembekezeka. Zigaza za m'nyengo yachisanu zinali zaphwatalala, zazifupi kuposa za m'nyengo yofunda. Kwa zaka zambiri panali funso lomveka: kodi si kuti a mitu ikuluikulu ndi amene amafa chisanu chikayamba, n'kutsala a mitu ing'onoing'ono? Kuyankha kwake kunafuna kuyeza nyama imodzimodziyo ili yamoyo, kangapo pa chaka. Kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo gulu la akatswiri a bungwe la kafukufuku la Max Planck ku Radolfzell, m'dziko la Germany, m'mene munali Javier Lázaro ndi Dina Dechmann, linadekhadi. Ankagwira aswiswiri, kuwajambula mitu ndi makina a X-ray, kuwaika kachizindikiro, kuwamasula, n'kudzawagwiranso. Zotsatira zinatuluka mu 2017: chigaza cha nyama imodzi yomweyo chimatsika ndi pafupifupi 15 peresenti pofika pakati pa chisanu, kenako kukayamba kufunda chimakweranso ndi pafupifupi 9 peresenti. Fupa limasungunuka m'mizere imene mafupa a mutu amalumikizana, kenako limamangidwanso.

Ubongo nawo umachepa, pakati pa 10 ndi 26 peresenti ya kulemera kwake, ndipo umakulanso, ngakhale sufikanso pomwe unali. Msana umafupika, chiwindi ndi ziwalo zina zimapepuka, thupi lonse limataya pafupifupi gawo limodzi mwa magawo asanu. Si kuwonda kwa njala ayi, chifukwa kumayamba chisanu chisanafike, chakudya chikadalipo. Thupi limakonzekeratu.

Poyamba zimaoneka ngati zikutsutsana ndi nkhani ya kapu ndi ndowa ija. Ngati kuchepa kumataya kutentha, n'chifukwa chiyani nyama ingadzichepetsenso nthawi yozizira? Ndipotu pali lamulo lodziwika, limene Carl Bergmann analemba mu 1847, loti nyama za magazi ofunda za kumalo ozizira zimakhala zazikulu kuposa abale awo a kofunda. Swiswiri amalitembenuza. Chifukwa chake n'chakuti chimene chimamupha si kuzizira kwenikweniko koma kuchuluka kwa chakudya chimene ayenera kupeza pa tsiku. Thupi la magalamu 7 limafuna tizilombo tochepa kuposa la magalamu 9, ndipo ubweya wake wa chisanu, umene ndi wautali ndi wothithikana, umatseka mpata wa kutentha kothawa. Ubongo ndi chiwalo chodya mphamvu zambiri pa galamu iliyonse, choncho kuuchepetsa n'kupulumutsa chakudya chambiri. Kafukufuku waposachedwa wapeza kuti ubongowo umachepa makamaka potaya madzi a m'maselo, osati pofa kwa maselowo. N'chifukwa chake madokotala ofufuza matenda a ubongo ndi a mafupa ayamba kuchita naye chidwi kanyamaka: kali ndi njira yochepetsa ubongo ndi fupa n'kuzibwezeretsa. Kusintha kofananako kwapezekanso mwa mfuko wa ku Ulaya ndi mwa tinyama tina tolusa ta banja la likongwe, tonse ta moto woyaka kwambiri tosagona chisanu.

Za maso ndinanena kale kuti ndi ofooka. Swiswiri dziko amalidziwa ndi ndevu, mphuno ndi makutu. Mitundu ina ya Sorex ndi Blarina imatulutsa timawu tapamwamba ikamayenda malo achilendo, n'kumamvetsera mmene tikubwerera, ngati mmene mileme imachitira, koma mosakhwima chotero. Sagwira nato tizilombo. Amangodziwa ngati kutsogolo kuli udzu wothithikana, mpata kapena una.

Ena analowa m'madzi. Aswiswiri a m'madzi ndi nyama zoyamwitsa zazing'ono kwambiri zimene zimamira pofuna chakudya, chinthu chimene pa nkhani ya kutentha chili ngati kudzipha, poti madzi amalanda kutentha msanga kuposa mpweya. Ubweya wawo umasunga mpweya moti pansi pa madzi amaoneka ngati kampira kasiliva, ndipo m'mbali mwa mapazi muli tsitsi lolimba logwira ntchito ya nkhafi. Mu 2006 Kenneth Catania wa pa yunivesite ya Vanderbilt anaonetsa ndi makamera othamanga kuti Sorex palustris amanunkhiza ali pansi pa madzi: amatulutsa kathovu ka mpweya m'mphuno, kamakhudza chinthucho, iye n'kukakokanso m'mphuno msangamsanga pamodzi ndi fungo. Ndipo m'nkhalango za ku Congo, Uganda ndi Rwanda muli Scutisorex somereni, amene msana wake sufanana ndi wa nyama ina iliyonse yoyamwitsa. Mafupa a m'chiuno mwake ndi 10 kapena 11, pamene ife tili ndi asanu, ndipo ndi olukanalukana ndi tinyanga tambirimbiri ngati dengu. Herbert Lang, amene anayenda ku Congo m'zaka za m'ma 1910, analemba kuti anaona mwamuna wa mtundu wa Mangbetu ataimirira pamsana pa kanyamaka ndi mwendo umodzi, ndipo atatsika, kanadzigwedeza n'kuthawa. Mtundu wachiwiri, Scutisorex thori, unalengezedwa mu 2013 ndi William Stanley wa ku Field Museum ku Chicago ndi anzake, ndipo iwo anapereka ganizo loti msanawu umagwira ntchito ngati chotemulira, pokankha makungwa a migwalangwa kapena zipika kuti afike pa mphutsi zimene nyama zina sizingazifike.

Thumba limene asayansi ankaponyamo chilichonse

Tsopano za chibale zija. Kwa zaka zoposa 100, kanyama kalikonse koyamwitsa kokhala ndi mphuno yaitali, mano osongoka ndi ubongo waung'ono kankaikidwa m'gulu limodzi lotchedwa Insectivora, kutanthauza odya tizilombo. Munali aswiswiri, akanungu, mfuko, sakhwi, tinyama ta ku Madagascar totchedwa tenrec, ndi tinyama ta m'mitengo ya ku Asia tooneka ngati agologolo a mphuno zazitali. Mu 1866 Ernst Haeckel anayesa kulongosola thumbali poyang'ana matumbo: ena ali ndi kathumba kotsekeka pamene matumbo aang'ono amakumana ndi aakulu, ena alibe. Opanda kathumbako anawatcha Lipotyphla. Linali phazi loyamba, koma thumba linakhalabe thumba.

Chimene chinalikhuthula ndi kuyerekeza DNA, uthenga wa chibadwa umene uli m'maselo, kumapeto kwa zaka za m'ma 1990. Zinapezeka kuti sakhwi, ngakhale ali ndi kamphuno ngati ka swiswiri, ali pachibale ndi njovu ndi mbira za m'matanthwe. Tenrec chimodzimodzi, pamodzi ndi mfuko wa ubweya wonyezimira wa kum'mwera kwa Sahara. Onsewa ndi nthambi imodzi yakale, imene mu 1998 inapatsidwa dzina loti Afrotheria chifukwa inaphukira mu Africa pamene kontinentiyi inali yozunguliridwa ndi nyanja. Tinyama ta m'mitengo ta ku Asia tija tinapita kumbali ya anyani, akalulu ndi mbewa, mbali imene ifenso tili. Otsala ndi mabanja anayi okha: aswiswiri, akanungu ndi abale awo opanda minga a ku Asia, mfuko weniweni wa ku Ulaya, Asia ndi North America, ndi solenodon, nyama yooneka ngati swiswiri wamkulu ya pazilumba za Cuba ndi Hispaniola. Gulu limeneli ndi limene lero limatchedwa Eulipotyphla, ndipo lili m'nthambi yaikulu ya Laurasiatheria limodzi ndi mileme, amphaka, agalu, ngaka, mahatchi, ng'ombe ndi anangumi. Mwa anayiwo, wapafupi kwambiri ndi swiswiri ndi kanungu.

Taonani mmene maonekedwe amanamizira. Ku Madagascar kulibe aswiswiri achibadwidwe, koma tenrec anadzaza malo awo: alipo ooneka ndendende ngati swiswiri, alipo a minga ngati kanungu, alipo osambira. Ku Australia malo omwewo anatengedwa ndi tinyama tolera ana m'thumba, monga antechinus. Dzina loti mfuko lokha limaphimba nyama zitatu zosiyana kotheratu: ya mano aakulu otuluka kunja imene ndi mbale wa mbewa, ya ubweya wonyezimira imene ndi mbale wa njovu, ndi ya manja otambalala ngati fosholo imene ndi mbale wa swiswiri. Ntchito ikafanana, thupi limaumbika mofanana, ngakhale makolo akhale osiyana. Ngakhale m'kati mwa Eulipotyphla momwemo zabwerezedwa: kafukufuku wa mu 2021 anasonyeza kuti kusaka m'madzi kunayambika kasanu paokhapaokha, katatu mwa aswiswiri ndi kawiri mwa abale a mfuko, ndipo ululu wa solenodon, umene umayenda m'ngalande ya dzino ngati wa njoka, unayamba padera osati kuchokera kwa kholo limodzi ndi Blarina.

Solenodon ndiye nkhalamba ya banjali. Nthambi yake inapatukana ndi enawo zaka zoposa 70 miliyoni zapitazo, zinyama zamakedzana zotchedwa ma dinosaur zidakalipo, ndipo inapulumuka chimwala chochokera mumlengalenga chimene chinagwa ku Yucatán, m'dziko la Mexico, zaka 66 miliyoni zapitazo. Aswiswiri eniake anabwera pambuyo pake. Mafupa akale kwambiri ofanana ndi awo, monga a kanyama kotchedwa Domnina, amapezeka m'miyala ya ku North America ya zaka zoposa 40 miliyoni. Kuchokera kumaiko akumpoto anafalikira ku Africa ndi kum'mwera kwa Asia. Ku South America anafika mochedwa, pamene mtunda wa Panama unalumikiza makontinenti awiriwo zaka pafupifupi 3 miliyoni zapitazo, ndipo mpaka lero ali kumpoto kokha, makamaka m'mapiri a Andes. Ku Australia, New Zealand ndi Antarctica sanafikeko.

Pali mawu amene amabwerezedwa kawirikawiri, oti nyama zoyamwitsa zoyambirira zinali ngati swiswiri, ndipo ena amapitirira n'kumati swiswiri ndi chotsalira cha makedzana chimene sichinasinthe. Theka loyamba lili ndi choonadi. Morganucodon, amene mafupa ake a zaka pafupifupi 200 miliyoni anapezeka ku Wales ndi ku China, analidi kanyama kakang'ono ka mphuno yaitali kodya tizilombo. Koma theka lachiwiri ndimalikana ndithu. Mu 2020 akatswiri anawerenga timizere ta m'mizu ya mano a Morganucodon, timene timaikidwa kamodzi pachaka ngati mizere ya mu thunthu la mtengo, ndipo anapeza kuti ankatha kukhala ndi moyo zaka 14. Kanyama ka msinkhu umenewo kokhala zaka 14 ndi kanyama ka moto wozirala, woyandikira wa buluzi. Swiswiri wa lero, amene mtima wake umathamanga mpaka kutha m'chaka chimodzi ndi miyezi yochepa, ali kutsidya lina kwenikweni. Mano a chitsulo, chibwano cholumikizika pawiri mbali iliyonse, ululu, chigaza chochepa ndi kukula: zonsezi ndi zatsopano. Anasunga maonekedwe akale kunja, koma m'kati anapita patali kuposa nyama zambiri zimene timaziona ngati zotsogola.

Ndipo kusinthako sikunaime. Sorex araneus yekha ali ndi magulu oposa 70 osiyana kalumikizidwe ka ma chromosome (timitolo ta DNA ta m'maselo), kuchokera ku Britain mpaka ku Siberia, ndipo pamene magulu awiri akumana akatswiri amatha kuona ndi maso mmene mtundu umodzi umayambira kung'ambika. Mu 2021 Jacob Esselstyn wa pa yunivesite ya Louisiana State ndi anzake a ku Indonesia ndi Australia analengeza mitundu 14 yatsopano ya Crocidura nthawi imodzi, yonse ya pachilumba chimodzi cha Sulawesi, atasanthula nyama zoposa 1,000 pa zaka pafupifupi khumi.

Mitundu yambiri yotere imakhala paphiri limodzi kapena pachilumba chimodzi, ndipo nkhalango ya pamenepo ikadulidwa ilibe kothawira. Swiswiri wa pachilumba cha Christmas, m'nyanja ya Indian, anali wochuluka moti alendo oyamba analemba kuti kulira kwake kunkamveka paliponse usiku. Sitima zitabweretsa makoswe achilendo chakumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, anayamba kusowa kwambiri m'zaka zochepa, ndipo womaliza anaoneka mu 1985. Ku Ireland nkhani ndi ya swiswiri kulanda malo a swiswiri mnzake. Mtundu wa mano oyera wa Crocidura russula, umene kunalibe pachilumbapo, wakhala ukufalikira makilomita angapo chaka chilichonse, ndipo kumene wakhazikika, kaswiswiri kakang'ono ka mano ofiira ka Sorex minutus kamasowa. Kubwera kwa mlendoyu palibe amene anakuona ndi maso. Kunadziwika mu 2007, pamene ofufuza mbalame ankaphwanya timibulu ta ubweya ndi mafupa timene akadzidzi amalavula akatha kudya, n'kupezamo tizigaza ta mano oyera mbee.